Ndinagulitsa Ulendo Umene Ndinalibe

Palibe munthu pansi pano amene ndingalephere kumvana naye pa malonda. Mawu amenewa ndinkawanena poyera, ngakhale pakhomo la tchalitchi, ndipo umboni ndinali nawo. Ndinakulira mumsika wa Limbe, pamulu wa kaunjika. Ndinagulitsapo jekete laubweya mwezi wa Okutobala, dzuwa likuswa mtengo, kwa munthu amene anangobwera kudzafunsa njira ya kudepoti. Ndinachitapo malonda ndi Amwenye, ndi madalaivala a ku Zimbabwe, ndi anthu a ku Mozambique amene Chichewa chawo chinkathera pa moni. Chilankhulo, ndinkatero ine, n'cha anthu a m'kalasi. Wamalonda amamva ndi maso.

Khalidwe limeneli ndinawoloka nalo nyanja. M'zaka za m'ma 1990 tinkakhala ku America, m'tauni ya Hyattsville, ine, mayi a kunyumba ndi ana athu awiri, ndipo Loweruka lililonse ndinkazungulira m'makomo mwa azungu amene ayala katundu wakale pakapinga. Ndinkanenerera mpaka mzungu kufiira makutu. Mayi a kunyumba ankaima chapatali ngati sitidziwana.

"Bambo, manyazi mulibe? Mpaka kunenerera masupuni?"

"Supuni ndi katundu, mayi. Akanafuna ulemu akanaisiya m'kabati."

Ntchito yanga inali ya ambiri a ife: kusamalira okalamba m'nyumba zawo. Kuwasambitsa, kuwadyetsa, kuwakumbutsa mankhwala. Chaka china, mwezi wa Malichi, chipale chikusungunuka m'mbali mwa misewu, kampani yathu inanditumiza ku Falls Church. Kuchokera kwathu zinali sitima zitatu ndi basi.

Ananditsegulira chitseko ndi mayi wina wachizungu wa zaka ngati makumi asanu, atavala za kuofesi, maso ali ofiira. Mumtima ndinangomutchula kuti adona, ndipo dzinalo linakhazikika. Anali mwana mmodzi yekha wa mkulu amene ndinabwera kudzamusamalirayo. Usiku ankagona pomwepo, masana n'kupita kuntchito mumzinda. Tisanalowe n'komwe anandifotokozera zonse pakhonde. Bambo ake anabwera ku America nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itatha, anagwira ntchito yomanga ndi miyala moyo wawo wonse, Chingerezi ankachilankhula bwinobwino. Kenako inabwera sitiroko. Inatenga mkono wamanzere, inatenga Chingerezi chonse, inatenganso Chitaliyana cha kusukulu. Chinatsala n'chilankhulo cha kumudzi kwawo, kumapiri a kumalire a Italy ndi France, chimene iye mwana wawo sankadziwako ngakhale liwu limodzi.

"Sakudya," anatero adona. "Amalankhula tsiku lonse, palibe womva, ndiye amakankha mbale. Anzanu awiri abwera, achoka. Adokotala akuti akapitiriza kuonda chonchi ndiwapititse kunyumba yosungirako okalamba. Nyumba ino anamanga ndi manja awo. Sindikufuna kuwatulutsamo."

"Siyirani ine," ndinatero, ndikuvula jekete ngati munthu wobwera kudzakonza mpope.

Madala ndinawapeza atakhala pafupi ndi zenera la kukhitchini. Anali munthu wamfupi, wa mapewa otambalala, zikhatho ngati mafosholo, koma malaya akulendewera m'thupi. Atandiona anayamba kulankhula. Ndinatchera khutu ngati ndikumva. Mawu ake anali odukaduka, odzaza ndi "sh", ena otuluka milomo itasongoka ngati munthu akuuzira phala. Poti Chingerezi chinali chopanda ntchito, ine ndinkawayankha m'Chichewa. Bola aliyense azivutika m'chilankhulo chake.

Masiku atatu ndinalephera. Supu ankabwerera momwe wapitira. Tsiku lachinayi ndi pamene ndinaona dzanja. Akamaliza kulankhula, madala ankatambasula dzanja lamanja patebulo, chikhatho chikuyang'ana kumwamba, n'kumandiyang'ana m'maso. Dzanja limenelo ndinkalidziwa. Si la wopempha, si la wopereka moni. Ndi dzanja la munthu amene watchula mtengo ndipo akudikira yankho.

Ndinaganiza kuti tikunenerera za chakudya. Ndinaloza mbale, n'kuimika zala zisanu: masupuni asanu basi, madala. Anapukusa mutu. Zitatu. Anapukusanso, mokwiya, n'kubwereza mawu awo aja. Ndiye ndinachita chimene wa pamsika aliyense amachita: ndinanyamula mbale, ndinatembenuka, ndinayamba kupita kuchitseko pang'onopang'ono. Sindinafike. Anandiitana ndi liwu lalikulu, lomenya tebulo. Ndinamwetulira khoma. Wogula akakuitana ukuchoka, katundu wapita.

Nditabwerera analankhula modekha, liwu limodzilimodzi, ngati akuphunzitsa mwana. Anadziloza pachifuwa. Anandiloza ine. Analoza pazenera, chala chikukwera m'mwamba. Kenako dzanja lija patebulo.

Lamulo loyamba la pamsika n'lakuti usaonetse kuti sukudziwa. Ukangoonetsa, akudya wamoyo. Ndinagwedeza mutu ngati munthu amene waganiza mozama ndipo akuluzapo pang'ono.

"Chabwino, madala. Chifukwa ndi inu. Zatheka."

Ndinaomba chikhatho changa pa chawo, phwa! Iwo anandigwira mwamphamvu, anagwedeza katatu, mafupa anga mpaka kulira. Misozi inali mbwembwembwe m'maso mwawo. Anakoka mbale ija, anamwa supu yense, anapukuta ndi buledi, n'kuloza poto kuti ndiwonjezere.

Madzulo adona atabwera n'kuona poto wopanda kanthu, anakhala pampando n'kulira. Anandifunsa kuti bambo ake ankafuna chiyani masiku onsewa.

"Zachimuna, mayi. Tamvana."

Lamlungu lake nkhaniyi inamveka tchalitchi chonse, ndipo woifalitsa ndinali ine ndemwe.

Lolemba m'mawa ndinawapeza madala atakhala pampando pafupi ndi chitseko chakumaso. Anali atavala jekete lakuda, chipewa, nsapato za jombo, ndodo ili pakati pa miyendo. Pambali pawo panali kasutikesi kachikopa komanga ndi lamba. Anavala okha, ndi dzanja limodzi. Mabatani anali atasemphana kuyambira pakhosi mpaka pansi. Atandiona anaimirira.

Adona anali pamasitepe, makiyi a galimoto ali m'manja. "Adzuka m'bandakucha. Akupita kuti?"

"Akufuna kuwongola miyendo," ndinatero. Pakamwa panga pankayankha pokha, mutu usanafunsidwe.

Adona atachoka ndinaloza kumwamba, mitambo, n'kudzikumbatira ngati ndikumva chisanu. Madala anasuzumira panja, anaganiza, anavomera ndi mutu. Anavula chipewa, anapita kukadya. Mawa lake chimodzimodzi: chipewa, ndodo, sutikesi. Ndinaloza kalendala. Mkuja ndinaloza msewu wopanda galimoto. Mabodza onse a pamsika, aja akuti katundu ali m'njira, bwerani Lachisanu, mwini wake watuluka pang'ono, ndinawamasulira m'manja ndi m'maso, ndipo onse ankayenda. Madala sankakwiya. Ankadikira ngati munthu amene akudziwa kuti chake n'chake. Ankadya, masaya ankabwerera, sikelo ya adokotala inkakondwa. Ine ndiye ndinayamba kuonda.

"Ndiye mwagulitsa chiyani?" anandifunsa mayi a kunyumba tsiku lina ndikuwathandiza kupinda zovala.

"Sindikudziwa."

"Kwa munthu wodwala."

"Koma akudya, mayi."

"Akudya chifukwa akuti mwawalonjeza. Inu bambo, mwaiwala kuti lonjezo linadulitsa mutu wa mneneri? Pitani mukafufuze chimene mwavomera, musanapezeke kuti mwakwatira mwana wawo."

Ndinali ndi mnzanga wa ku Lusaka, dalaivala pa ofesi ya kazembe wina pa Massachusetts Avenue. Madalaivala a akazembe amadziwana onse, chifukwa mabwana akamadya m'kati iwo amaima limodzi panja kupukuta magalimoto oyera kale. Nditamuuza anaseka mpaka kutsamira galimoto ya boma.

"Iwe mudala, iyo ni nkhani ing'ono. Nili na munzanga Mutaliyana, amakamba maningi. Nizamuleta pa Sondo."

Anabwera nayedi. Mtaliyanayo analowa ndi phokoso, manja m'mwamba, akuyankhula ngati wailesi. Madala anamuyang'ana, anamuyankha mawu angapo. Phokoso lija linazima. Anafunsanso, pang'onopang'ono. Madala anayankha kwa nthawi yaitali. Munthuyo anadzikanda m'mutu n'kutembenukira kwa ine: pa mawu khumi aliwonse ankamvapo limodzi, ndipo ichi sichinali Chitaliyana ayi, chinali Chifalansa cha kumudzi.

Ndinapita kwa mayi wina wa ku Congo amene tinkagwira naye ntchito kukampani. Anabwera tsiku lake lopuma, anakhala ndi madala ola lathunthu, anamwa khofi, anatuluka akupukusa mutu. "M'bale wanga, ichi Chifalansa ayi. N'Chitaliyana." Aliyense ankakankhira mnzake, ngati mtembo wopezeka pamalire a minda.

Mwezi wa Epulo unatha. Ndinatenga wailesi ya kaseti imene ndinagula pakapinga pa mzungu wina, ndinaiika patebulo, ndinawajambula madala akulankhula. Kutchalitchi kwathu kunali mkulu wina amene kumudzi anali mphunzitsi wamkulu, kuno akuchita maphunziro apamwamba. Iye ndiye anandipezera mayi wina wophunzitsa zilankhulo payunivesite ina mumzinda. Ndinapita ndi kaseti yanga m'thumba la jekete ngati ndikupita kwa sing'anga.

Mayiyo anali wa imvi, ofesi yake yodzaza mabuku mpaka pampando wa alendo. Kaseti itangoyamba anaika dzanja pakamwa. Anaibweza, anamvetseranso, nkhope ikuwala ngati watola chikwama. Anatambasula mapu. Apa, anatero, kumunsi cha kunyanja, anthu amalankhula Chiliguriya, cha ku Genoa. Uku kuseri kwa mapiri amalankhula Chiokisitani, chilankhulo chakale cha kummwera kwa France. Pakati pake, pamwamba penipeni, pali timidzi tochepa ta abusa a nkhosa, ndipo chilankhulo chawo ndi ichi. Ophunzira amakangana kuti kaya ndi mwana wa uyu kapena wa uyo. Nkhondo itatha malire anasunthidwa n'kudutsa pakati pa midziyo: ena anadzuka ali a ku France, abale awo a ku Italy, msipu uli tsidya lina, khola tsidya lina. Achinyamata anatsikira m'matauni. Otsala olankhula ndi okalamba.

Zimenezo sizinandidabwitse. Ndinayendapo ku Chitipa, kumene ukawoloka phiri limodzi moni wasintha, ndipo ku Mchinji ndinaonapo munthu akulima ku Zambia n'kumagona ku Malawi. Koma sindinabwerere mapu.

"Ndiye mwamva zimene akunena?"

Kuwala kuja kunachepa. Iye chilankhulochi ankachidziwira m'mabuku, anatero, sanachimvepo ndi khutu, komanso sitiroko yapotoza lilime. Tinakhala mpaka dzuwa kupendeka, iye akubweza kaseti, kulemba, kufufuta. Anatola mawu ngati munthu wotola mtedza m'munda wokumba kale. Njira. Kukwera. Nkhosa. Chipale chikatha. Nyumba ya amayi. Iwe ndi ine.

"Akupempha kuti wina awaperekeze kwawo," anatero. "Nthawi imene nkhosa zimakwera kumapiri, chilimwe chikamayamba. Akuti njira akuidziwa, chimene akusowa ndi munthu wa manja awiri."

Ndinamuuza za dzanja lija. Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi. Kumisika ya ziweto ya kumapiri amenewo, anatero, kale kunalibe pepala. Anthu akagwirizana ankaombana m'manja, basi, nkhosa yapita. Wobweza mawu pambuyo pa zimenezo sankaonekanso pamsika.

"Inu munaomba?"

"Ndinaomba."

"Musanamve?"

Ine, mwana wa mumsika wa Limbe, amene sindinagulepo ngakhale thumba la malaya osalimasula kaye.

Ndinamunyengerera mayiyo kuti abwere adzawauze madala kuti sizingatheke. Anakana, ndinanenerera, anavomera; kumeneko kokha luso langa linagwira ntchito. Anabwera Loweruka ndi buku lalikulu ndi mawu olemba papepala. Atawerenga chiganizo choyamba madala anatsegula pakamwa. Kenako anaseka, kuseka kwenikweni, koyamba chibwerere ine m'nyumbamo. Anamukonza katchulidwe, anamubwerezetsa katatu, anamugwira tsaya ngati mdzukulu. Ndinaganiza kuti tapulumuka. Koma atafika pa mawu akuti ulendo sutheka, madala anasiya kuseka. Anamuyankha mwachidule, anandiloza ine ndi chibwano, n'kutembenuza chikhatho.

"Ndikuganiza kuti akuti," anatero mayiyo, osandiyang'ana, "iwo anapangana ndi inu, osati ndi ine."

Tsiku lomwelo ndinaulula kwa adona. Ndinkayembekezera kuchotsedwa ntchito, mwinanso ndinkakufuna. Iye anangokhala pamasitepe, nsapato zili m'manja. Anati sutikesi ija anaimvetsa kalekale, ankangoopa kufunsa. Za ndege adokotala anakaniratu. Mtima wa madala sungapirire. Ndipo ngakhale akanapirira, akafikira kwa yani? Iye sankadziwa ngakhale kuti nyumba ya agogo akeyo inagwera mbali iti ya malire.

"Ndili mwana ndinkawapempha kuti andiphunzitse," anatero. "Ankati n'chilankhulo cholankhula ndi nkhosa, iwe phunzira cha anthu. Lero ndine pano, m'nyumba mwa bambo anga, ndikudikira munthu wa ku Africa kuti andiuze zimene akunena."

"Ndipo naye sakumva," ndinatero.

Anaseka pang'ono, n'kupukuta m'maso. M'sitima pobwerera ndinakumbukira kuti m'mawa womwewo ndinafunsa mwana wanga wamkulu m'Chichewa ngati wadya, iye n'kundiyankha m'Chingerezi, ine osaona vuto.

Meyi anatha, Juni analowa ndi kutentha kwake. Kalendala ungainamize, koma mbusa sungamunamize za nyengo. Madala ankayang'ana masamba a mitengo, ankanunkhiza mpweya pakhomo, n'kundiyang'ana ine. Anayamba kusiya theka la mbale. Kenako ankangolawa. Kulankhula nane anasiya. Ndikalowa m'mawa ndinkawapeza pampando uja, chipewa kumutu, dzanja lili pabondo chikhatho m'mwamba. Sankalikweza n'komwe. Linkangokhala pamenepo tsiku lonse ngati mlandu.

Wamalonda akasowa katundu amene wafunsidwa sanena kuti palibe. Amatulutsa wofanana naye. Ndinapempha mnzanga wa ku Lusaka uja kuti Lamlungu lina tibwereke galimoto, adona anavomera, ndipo tinawatenga madala kupita kumapiri a kumadzulo kwa Virginia. Ndinali nditafufuza kale famu ina ya nkhosa m'mbali mwa msewu. Sutikesi tinaisiya dala, kuti asaganize zambiri. Iwo anaiyang'ana, anandiyang'ana, n'kukwera.

Tinayenda maola awiri. Tinaima pamalo okwera, mapiri obiriwira ali ndandanda mpaka kumene maso amalekeza, nkhosa zili kuseri kwa waya. Kwa ine anali mapiri ndithu. Ndinawatsegulira chitseko ndi manja awiri ngati ndikuvundukula katundu watsopano.

"Madala, si izi? Mapiri awo. Nkhosa izo. Banyira ndi mphepoyi."

Anatsika. Anayenda ndi ndodo mpaka pawaya. Anayang'ana mapiri aja kuyambira kumanzere mpaka kumanja, kamodzi kokha. Anayang'ana nkhosa imodzi, miyendo yake, makutu ake. Anatulutsa kamawu m'mphuno, analavula pansi, anabwerera m'galimoto n'kudzitsekera chitseko.

"Mudala," anatero mnzanga uja motsitsa mawu, "aba baziba katundu. Wabaonetsa gong'a, vinthu va feki."

Pobwerera palibe analankhula. Ndinagulitsapo nsapato zapulasitiki ponena kuti n'zachikopa, ndipo ogula ankabwera kudzanditukwana. Zimenezo zinkatha ndi nthabwala. Kukhala chete kwa m'galimoto muja kunalibe pogwira.

Patapita masiku awiri, ndikuchapa kuchipinda chapansi, madala anatuluka okha. Ndinathamanga misewu yonse ndikuitana "madala, madala", ngati kuti ku Falls Church kuli wina wodziwa dzinalo. Ndinawapeza ku Seven Corners, pamphambano pamene misewu imapiringizana ngati matumbo a nkhuku. Anali ataima pakachilumba ka simenti pakati pa magalimoto, sutikesi ili pansi chifukwa dzanja lawo limodzi lija linali litagwira ndodo. Mmene anafikira nayo pamenepo sindikudziwa mpaka lero. Ankayang'ana uku ndi uku kufuna kumene dziko likukwera. Atandiona sanathawe. Anandilozera sutikesi kuti ndinyamule, n'kudikira kuti nditsogole.

Ndinawatsogolera kubwerera kunyumba.

Adona anaimbira adokotala madzulo omwewo. Malo anapezeka kunyumba ina yosungirako okalamba, mphindi makumi awiri pagalimoto. Ndinanenerera ngati sindinanenererepo.

"Mundipatse mwezi umodzi."

"Kuti muchite chiyani?"

"Milungu iwiri, mayi. Ndizigona pakhomo."

"Sakudya. Dzulo akanagundidwa."

"Sabata imodzi. Mtengo womaliza."

"Lachisanu," anatero. Ndinatembenuka, ndinayamba kupita kuchitseko pang'onopang'ono. Sanandiitane. Ndinafika pachitseko, ndinagwira chogwirira, ndinabwerera ndekha.

Pamenepo ndi pamene anandipempha chinthu china. Nthawi imene ankawatengera kuchipatala, anati, panafunika amuna atatu ndi jakisoni. A kunyumba ya okalamba anali atanena kale kuti atumiza galimoto yawo, ya malamba. "Koma inu mukanyamula sutikesi ija n'kunena kuti tiyeni, adzakwera okha."

Ndinakana. Kunyumba ndinawauza mayi a ana kuti ndakana, ndikuyembekezera kuti andiyamikire.

"Ndiye akawamange?" anafunsa. "Bambo, mwanamiza munthu miyezi itatu kuti inu muoneke katswiri. Bodza limodzi loti limuthandize iyeyo ndiye lakukulirani?"

"Ndiye ndipite?"

"Ine sindinatero. Munaomba m'manja ndinu."

Lachisanu m'mawa ndinapita. Madala anali pampando wawo. Ndinawerama, ndinawakonzera mabatani, ndinanyamula sutikesi.

"Madala, tiyeni."

Anandiyang'ana nthawi yaitali. Kenako nkhope yonse inamasuka. Anaimirira osagwira ndodo, anandimenya paphewa, analoza kukhitchini: munthu sayamba ulendo ndi njala. Anadya mazira awiri ndi buledi, anakulunga tchizi m'kansalu n'kuika m'thumba la jekete. Potuluka anagwira mwala wa pakhoma la nyumba yawo, kamodzi, ngati akusisita ng'ombe, osatembenukanso.

Adona ankayendetsa, ife awiri kumbuyo. Njira yonse madala ankalankhula. Ankandigwira bondo, ankajambula m'mwamba ndi chala njira yokhotakhota, ankatchula mawu ena n'kuseka, mwina mayina a anthu amene tikawapeze, mwina a agalu. Anaimbako kanyimbo. Ine ndinkangoti "eya, madala", "zoona, madala". Adona ankayendetsa misozi ikutsika, osaipukuta.

Nyumbayo inali ndi zitseko zagalasi zotseguka zokha. Mwina anaganiza kuti ndi bwalo la ndege, chifukwa analowa ali patsogolo, chipewa chili tsonga. Tinayenda mapazi khumi. Kenako fungo la mankhwala ndi supu linatipeza. M'khonde munali okalamba pamipando ya matayala, atandandalikidwa kuyang'ana wailesi yakanema. Namwino ankabwera akumwetulira, atanyamula mapepala.

Madala anaima. Anayang'ana okalamba aja mmodzimmodzi, monga anayang'anira mapiri a Virginia. Ndinakonzeka kuti andimenye ndi ndodo, ndinkafuna atandimenya. Sanakuwe. Anatembenukira kwa ine, ananena liwu limodzi lalifupi, mopanda ukali, ngati munthu amene akutseka nkhani. Anakoleka ndodo pamkono, anatenga sutikesi m'dzanja langa, n'kutsatira namwino. Panalibe wondimasulira liwulo, ndipo sindinalitengere kwa mayi wa kuyunivesite uja. Ndinaopa kuti alipeza m'buku.

Panja adona anandikumbatira. Anati popanda ine zikanakhala zoopsa. Analembera kalata kukampani, ndipo bwana anaiwerenga pamaso pa anzanga: munthu uyu amamvana ndi aliyense. Sabata yotsatira anandipatsa nkhalamba ina yovuta ku Maryland.

Ndinapitako kawiri kukawaona. Ulendo woyamba anayang'ana kukhoma. Wachiwiri anandiyang'ana ngati mmene umayang'anira munthu wodutsa mumsewu. Namwino anandiuza kuti akudya bwinobwino, chilichonse chimene apatsidwa, ndipo savuta. Kulankhula kokha ndiye anasiyiratu. Anakhala kumeneko chaka ndi miyezi.

Pamsika, ukapereka mpweya n'kulandira chinthu chenicheni, timati wapambana. Ine ndinapereka mpweya, munthu anadya miyezi itatu, analowa m'nyumba ija ndi miyendo yake, wopanda malamba. Koma pali chimene chimandisokoneza. Munthu amene anazindikira mapiri abodza ndi diso limodzi, angalephere kuzindikira wamalonda wabodza atakhala naye patebulo? Mwina anadziwa kuyambira tsiku la supu lija kuti sindinamve kanthu, n'kuona kuti pa anthu onse olowa m'nyumbamo ndine ndekha wopusa mokwanira kuomba m'manja. Mwina anagula chimene chinalipo: chifukwa chovalira nsapato m'mawa. Kapena ndikungodzitonthoza, ndipo ndinabera nkhalamba yodwala chinthu chomaliza chimene inali nacho, chikhulupiriro chakuti dzanja la munthu ndi mawu ake. Ndawerengetsa mbali zonse kwa zaka zambiri, yankho silikutuluka. Inu amene simunaombe nawo m'manja, tandiuzani: pa malonda amenewa, anapambana ndani?